Kathleen Harrison, katswiri wa mbali za antchito a m'nyumba m'mafilimu a ku Britain

Kathleen Harrison adali mayi wochita zisudzo wa ku Britain. Adabadwa pa 23 February 1892 mumzinda wa Blackburn, m'chigawo cha Lancashire, ndipo adamwalira ku London pa 7 December 1995 ali ndi zaka 103. Adaoneka m'mafilimu oposa 80 pakati pa 1931 ndi 1979, komabe si kawirikawiri pamene dzina lake linkalembedwa ndi zilembo zikuluzikulu pa zikwangwani zoitanira anthu kukaonera kanema. Mbali zake zidali za wophika, wosesa, wolera ana, kapena mayi wa pakhomo amene nkhawa sizimuthera. Anthu a m'nthawi yake ankamudziwa kwambiri monga Ethel Huggett, mayi wa banja losauka pang'ono la ku London, pomwe a masiku ano amamuona chaka ndi chaka pa nyengo ya Khirisimasi monga Mrs Dilber mu filimu ya Scrooge ya mu 1951, ngakhale ambiri sadziwa kuti mayi wovala epuloniyo dzina lake ndani.

Angerezi ali ndi dzina la anthu a ntchito yotereyi: amati character actress. Ameneyu si mkazi wokongola uja amene nkhani yonse imazungulira pa iye, amene amakwatiwa filimu ikamatha. Ndi munthu amene amalowa kwa mphindi zitatu kapena zisanu, atanyamula thireyi ya tiyi kapena ndowa ya madzi, n'kuchititsa woonera kukhulupirira kuti nyumba imene akuionayo ndi nyumba yeniyeni, yokhalamo anthu. Mafilimu a ku Britain a zaka za m'ma 1930 mpaka 1950 adatsamira kwambiri pa gulu limeneli, ndipo Harrison adali mmodzi mwa odalirika ake.

Kumene mawu aja adachokera

Chodabwitsa choyamba pa moyo wa Harrison n'chakuti mayankhulidwe amene adatchuka nawo sadali akwawo. Pa kanema ankayankhula Chingerezi cha Cockney, cha anthu wamba a ku London, ogulitsa m'misika ndi ogwira ntchito m'madoko, chimene chimameza zilembo zina ndipo anthu apamwamba a nthawiyo ankachiyesa chizindikiro cha kusaphunzira. Koma iye adabadwira kumpoto kwa England, m'banja lopezako bwino. Bambo ake adali injiniya, ndipo banjalo lidasamukira ku London mwanayo ali wamng'ono, kumene bamboyo adakagwira ntchito ku khonsolo ya Southwark. Adaphunzira pa Clapham High School, sukulu ya atsikana, kenaka mu 1914 ndi 1915 adachita maphunziro a zisudzo pa Academy of Dramatic Art, imene pambuyo pake idadzatchedwa Royal Academy of Dramatic Art, kapena RADA mwachidule.

Nkhani imene imasimbidwa za masiku ake a pasukuluyi ikukhudza mlembi wotchuka George Bernard Shaw, amene adali mmodzi mwa akuluakulu oyang'anira sukuluyo. Sewero lake la Pygmalion, lonena za mtsikana wogulitsa maluwa amene akuphunzitsidwa kuyankhula ngati wa kumpanda, lidali litangoonetsedwa kumene ku London mu 1914. Akuti Shaw ndiye adalangiza Harrison kuti apite ku Old Kent Road, msewu wa anthu wamba kumwera kwa mtsinje wa Thames, akangotchera khutu m'mene amayi a kumeneko amayankhulira. Zimene zikuchitika m'sewero la Shaw zidachitika mozondoka pa moyo wa wophunzirayu: mwana wa injiniya adaphunzira kuyankhula ngati wogulitsa maluwa, ndipo adadyera mawu amenewo zaka zoposa 50.

Komabe sadayambe ntchito nthawi yomweyo. Mu 1916 adakwatiwa ndi mwamuna wogwira ntchito ku kampani yotumiza matelegalamu, ndipo kwa zaka zingapo adakhala kunja, ku Argentina ndi pa chilumba cha Madeira. Banjali lidakhala ndi ana atatu. Adakwera nsanja ya zisudzo monga munthu wolipidwa mu 1926 ku Eastbourne, ali ndi zaka 34, ndipo chaka chotsatira adaonekera ku London. Pa msinkhu umenewo mwayi wosewera namwali wa m'nkhani za chikondi udali utadutsa kale. Izi zidamuchepetsera njira, koma zidamupatsanso mwayi umene akazi otchuka chifukwa cha nkhope sankaupeza: mbali za wophika ndi wosesa sizitha munthu akakalamba.

Zaka za m'ma 1930

Adalowa m'mafilimu oyankhula mu 1931 ndi Hobson's Choice. Nthawiyi idali yabwino kwa anthu a ntchito yake chifukwa cha lamulo limene nyumba ya malamulo ya ku Britain idakhazikitsa mu 1927, lokakamiza nyumba zoonetsera kanema kuti gawo lina la mafilimu awo lizikhala lopangidwa m'dzikomo, pofuna kuchepetsa mphamvu ya Hollywood. Zotsatira zake zidali mafilimu ambiri otchipa, ojambulidwa mothamanga. Ambiri mwa iwo adali osakoma, koma aliyense ankafuna wantchito wa m'nyumba, ndipo ankafuna munthu woloweza mawu ake msanga, wosataya nthawi ya kamera. Mu 1933 adaoneka mu The Ghoul, filimu yoopsa imene mudali Boris Karloff.

Chimene chidamukweza chidali sewero la Emlyn Williams la Night Must Fall, limene lidayamba ku London mu 1935. Nkhani yake ndi ya mnyamata wa pakamwa pokoma amene akulowerera m'nyumba ya mayi wokalamba pomwe ali chigawenga chopha anthu. Harrison adali Mrs Terence, wophika wosaopa kuyankha abwana ake. Kampani ya MGM itaganiza zopanga filimu ya seweroli mu 1937, ndi Robert Montgomery ndi Rosalind Russell, idamutengera ku Hollywood pamodzi ndi May Whitty kuti akabwereze mbali zawo. Sadakhazikike ku America. Adabwerera kwawo.

Nkhondo ndi uthenga wa pakhomo

Nkhondo yachiwiri ya padziko lonse idasintha m'mene mafilimu a ku Britain ankaonetsera anthu wamba. Kale wantchito ankalowa m'filimu kuti anthu aseke: wogwetsa mbale, wosamva Chingerezi cha abwana. Koma dziko limene likupempha ana a anthu osauka kuti akafe pa nyanja silingapitirize kuseka amayi awo. Mu In Which We Serve ya mu 1942, imene Noël Coward adatsogolera limodzi ndi David Lean, Harrison adali Mrs Blake, mayi wa msilikali wa pa sitima ya nkhondo amene John Mills adasewera. Sitimayo yamira, ndipo kunyumba akudikira. Telegalamu ikafika pakhomo, nkhope ya mayiyo imaonetsa mantha a munthu amene akudziwa kuti mapepala otere amabweretsa maliro, kenaka chimwemwe chosadziletsa atamva kuti mwana wake ali moyo. M'nyumba zoonetsera kanema za chaka chimenecho mudali amayi ambiri amene ankadikira pepala lomwelo.

M'chaka chomwecho adasewera pa nsanja mu Flare Path ya Terence Rattigan, ndipo mlembi yemweyu ndiye adamupatsa mbali imene ikuonetsa bwino kulemera kwa ntchito ya munthu wa mbali zing'onozing'ono. The Winslow Boy, sewero la mu 1946, lidachokera pa mlandu weniweni wa George Archer-Shee, mnyamata amene adachotsedwa pa sukulu ya asilikali a pamadzi ya Osborne pomuganizira kuti adaba chikalata cha ndalama cha ku positi ofesi cha masheleni 5. M'seweroli bambo wa mnyamatayo akuwononga chuma, thanzi ndi tsogolo la ana ake ena pofuna kuyeretsa dzina la mwana wake. Ndalama zikuchepa mpaka banjalo likulingalira zochotsa ntchito Violet, wantchito amene wakhala nawo zaka zambiri.

Rattigan adachita chinthu cholimba mtima: bwalo la milandu silioneka pa nsanja n'komwe. Tsiku limene mlandu ukutha, bamboyo ndi mwana wake wamkazi ali kunyumba, sakudziwa kanthu. Amene akubwera ndi nkhani ndi Violet, amene adali kukhoti. Akulowa ali wefuwefu, akusimba za phokoso la anthu, za kukuwa ndi kulira, za chipewa chake, poganiza kuti abwana ake amva kale, ndipo m'kati mwa kulongolola kumeneko ndi mmene iwo ndi oonera akuzindikirira kuti mlandu awina. Chimake cha sewero lonse, chimene anthu adikira maola awiri, chili m'kamwa mwa wantchito amene akanachotsedwa. Woyisewera akapitirira muyeso, anthu amaseka ndipo kulemera kwa nkhaniyo kumatayika. Akachita mozizira, chisangalalo sichifika. Harrison adasewera Violet pa nsanja, ndipo adabwerezanso mu filimu ya mu 1948 imene Anthony Asquith adatsogolera, momwe mudali Robert Donat ndi Cedric Hardwicke.

Banja la a Huggett

Kutchuka kwenikweni kudamupeza ali ndi zaka 55. Holiday Camp, filimu ya mu 1947 ya kampani ya Gainsborough imene Ken Annakin adatsogolera, imasonkhanitsa nkhani za anthu osiyanasiyana amene apita kukapuma pa malo a tchuthi otsika mtengo a m'mphepete mwa nyanja. Mudali akatswiri monga Flora Robson ndi Dennis Price, koma oonera adakopeka ndi banja la Joe ndi Ethel Huggett, limene Jack Warner ndi Harrison adasewera. Kampaniyo idaona msika ndipo idatulutsa mafilimu ena atatu motsatizana: Here Come the Huggetts mu 1948, kenaka Vote for Huggett ndi The Huggetts Abroad mu 1949. Petula Clark, amene adadzakhala woimba wotchuka, adali mwana wamng'ono wa m'banjamo, ndipo Diana Dors adali wachibale wovuta.

Nkhani zake n'zazing'ono. M'filimu ina banjalo likuikitsa telefoni m'nyumba koyamba, ndipo Ethel akuiopa ngati chilombo. M'ina Joe akupikisana nawo pa chisankho cha makhansala. M'yomaliza akuganiza zosamukira ku South Africa pa galimoto kudutsa m'chipululu cha Sahara, monga momwe mabanja ambiri a ku Britain ankalotera zochoka m'dziko lawo m'zaka zovutazo, koma ulendowo ukuwakanika. Palibe amene angati mafilimuwa ndi apamwamba, ndipo womalizawo ndi wofooka ndithu. Phindu lawo lili poti adaika pakati banja la munthu wogwira ntchito m'fakitale, pa nthawi imene chakudya ndi zovala zinkagulidwabe ndi makuponi, n'kulionetsa monga banja loyenera ulemu. Ethel ndi mayi wosokonezeka msanga, wolira pafupi, womvera mwamuna wake pamaso pa anthu, koma woonera amazindikira kuti nyumbayo yaima chifukwa cha iye.

Banjali lidasamukira pa wailesi ya BBC m'pulogalamu ya Meet the Huggetts, imene idamveka kuyambira 1953 mpaka 1961. Apa mpamene msampha wa kutchuka kotere udaonekera. Anthu adamuzolowera monga Ethel mpaka ambiri ankakhulupirira kuti iye ndi Warner ndi banja lenileni, ndipo opanga mafilimu ankamuitana akafuna Ethel wina wa dzina lina.

Mu Dickens

Harrison ankakonda mabuku a Charles Dickens, ndipo m'mafilimu ochokera m'mabuku amenewa ndi mmene adaonetsa kuti sadali wa mbali zokoma mtima zokha. Mu Oliver Twist ya David Lean ya mu 1948 adali Mrs Sowerberry, mkazi wa wokhoma mabokosi a maliro, amene akudyetsa mwana wamasiye makombo osungira galu. Mawu omwe aja amene ankasangalatsa anthu mwa Ethel adasanduka akuthwa ndi aumbombo. Mu The Pickwick Papers ya mu 1952 adali Rachael Wardle, mbeta yachikulire imene ikunyengedwa ndi tambwali wofuna ndalama zake.

Koma mbali imene yakhalitsa ndi ya mu Scrooge, filimu ya Brian Desmond Hurst yochokera m'buku la A Christmas Carol, momwe Alastair Sim adasewera mkulu waumbombo uja. M'bukumo Mrs Dilber ndi wochapa zovala amene amangooneka kamodzi. Opanga filimu adamukulitsa kukhala wantchito wa m'nyumba ya Scrooge, ndipo dzina la Harrison adaliika lachiwiri, pambuyo pa la Sim. Amaoneka m'njira ziwiri. M'masomphenya a zam'tsogolo, Scrooge atamwalira, mayiyu akugulitsa makatani a pabedi la malemuyo pamodzi ndi malaya amene adavula mtembo, wopanda chisoni ngakhale pang'ono, pakuti amene sadamuchitire chifundo ali moyo alibe ngongole naye atafa.

Kenaka m'mawa wa Khirisimasi, Scrooge atasinthika mtima, akudumphadumpha m'chipinda, kuseka, mpaka kufuna kuima chadodolido. Mrs Dilber akuona kuti abwana apenga. Akudziphimba kumaso ndi epuloni n'kuthawa akukuwa pa masitepe. Scrooge akumupeza, akumukhazika pansi, n'kumupatsa gine, ndalama ya masheleni 21. Ganizo loyamba la mayiyo n'lakuti akumugula kuti asaulule za misalayo. Atamva kuti ndi mphatso ya Khirisimasi, phokoso lonse likutha. Akuyang'ana ndalamayo, akufunsanso motsitsa mawu ngati ndi yakedi, ndipo pa kamphindi kameneko woonera akuona munthu amene sadalandirepo mphatso kwa wina aliyense. Malipiro ake adali masheleni 2 pa sabata, ndipo Scrooge akuwakweza kufika pa 10. Achikulire a kuno amene adagwirapo masheleni kwacha isanabwere mu 1971 sangavutike kumvetsa chifukwa chake mayiyo akufunsa abwana akewo ngati akufuna kuonana ndi dokotala. Kusinthika kwa Scrooge kukanatha kuoneka ngati masewera chabe a Sim. Kumakhulupirika chifukwa kukuonekera pa nkhope ya munthu amene ankamudyera masuku pamutu.

Turn the Key Softly

Opanga mafilimu sankamupatsa kawirikawiri mbali yolemera kuyambira poyamba mpaka pomaliza. Mwayi wotere udabwera mu 1953 ndi Turn the Key Softly, imene Jack Lee adatsogolera kuchokera m'buku la John Brophy. Filimuyi imatsata akazi atatu pa tsiku lawo loyamba atatuluka m'ndende ya Holloway ku London. Yvonne Mitchell ndi mayi wophunzira amene adamangidwa chifukwa cha chibwenzi chake chakuba, Joan Collins ndi mtsikana woyendayenda, ndipo Harrison ndi gogo Quilliam, amene wakhala akulowa ndi kutuluka m'ndende chifukwa choba tinthu ting'onoting'ono m'masitolo.

Gogoyu sakamba china koma Johnny, amene akumudikira kunja. Anzakewo, pamodzi ndi oonera, akuganiza kuti ndi mwana kapena mdzukulu. Johnny ndi galu. Mwana wake weniweni wamkazi, amene adakwatiwa ndipo akukhala moyo wolemekezeka, akumulandira mozizira, mwamanyazi. Usiku womwewo galu uja akusowa, ndipo gogoyo, pomufunafuna m'misewu, akugundidwa ndi galimoto n'kufa. Nkhani yotere ikhoza kukhala yokakamiza misozi, ndipo pena filimuyi imayandikira kumeneko. Chimene chimaipulumutsa n'chakuti Harrison sakupempha chisoni. Gogo wake ndi wansangala, waulemu, wozolowera kunyozedwa mpaka sakukuonanso, ndipo kuzolowera kumeneko ndiko kumapweteka woonera. Pa mafilimu ake onse, iyi ndiyo imaonetsa zimene makampani a ku Britain adataya pomusunga kukhitchini.

Zaka ziwiri pambuyo pake adabwereranso ku epuloni mu Cast a Dark Shadow, monga Emmie, wantchito wa mtima wa mwana amene sakuzindikira kuti bwana wake, Dirk Bogarde, adapha mkazi wake. Pa nsanja ankapeza mbali zosiyanako: mu 1951 adasewera mu Waters of the Moon pamodzi ndi Edith Evans ndi Sybil Thorndike, ndipo mu 1956 mu Nude with Violin ya Coward pamodzi ndi John Gielgud.

Wailesi ya kanema ndi zaka zomaliza

Pofika zaka za m'ma 1960 mafilimu a ku Britain adali atasintha. Achinyamata ochokeradi m'mabanja a anthu wamba, monga Albert Finney ndi Rita Tushingham, adayamba kutenga mbali zikuluzikulu ndi mayankhulidwe akwawo enieni, ndipo wantchito wokhulupirika wa m'nyumba adayamba kuoneka wachikale. Harrison adapeza malo pa wailesi ya kanema. Ted Willis, amene adathandiza nawo kulemba Holiday Camp, adayambitsa Mrs Thursday, imene kampani ya ATV idaonetsa mu 1966 ndi 1967. Alice Thursday ndi mayi wokolopa m'maofesi amene bwana wake wolemera, pomwalira, akumusiyira chuma cha mapaundi 10 miliyoni ndi ulamuliro wa kampani, kudumpha akazi ake akale. Hugh Manning adali mlangizi wake pa za malonda. Pulogalamuyi idakondedwa kwambiri, ndipo ali ndi zaka 74 Harrison adakhala mwini nkhani, ngakhale kuti adafikapo atanyamulabe chokolopera.

Adakana mbali yaikulu mu Edna, the Inebriate Woman, sewero la BBC la mu 1971 lonena za mayi chidakwa wosowa pokhala, ndipo Patricia Hayes amene adaitenga adapata nayo mphotho ya BAFTA. Adabwereranso kwa Dickens mu 1976 monga Mrs Boffin mu Our Mutual Friend ya BBC, mkazi wina wosauka amene chuma chamugwera mwadzidzidzi. Filimu yake yomaliza idali The London Connection ya mu 1979.

Kwa zaka zambiri mabuku ofotokoza za akatswiri a zisudzo ankalemba kuti adabadwa mu 1898, chifukwa iye mwini adadzichotsera zaka 6, monga ankachitira akazi ambiri pa ntchito imene msinkhu umatsekera munthu zitseko. Adaulula zoona mu 1992, pamene adakwanitsa zaka 100 ndi kulandira uthenga wa mafuno abwino umene Mfumukazi Elizabeth II inkatumizira nzika zofika msinkhu umenewo. Mwamuna wake adali atamwalira kale mu 1960, ndipo Jack Warner mu 1981.